ERT echo: kumvetsera nyimbo za ku Greece popanda kubera oimba

Munthu amene wakopeka ndi kulira kwa bouzouki, choimbira cha nsambo cha khosi lalitali chimene chimamveka m'nyimbo zambiri za ku Greece, sachedwa kugwa m'chiyeso chotsitsa nyimbo pamasamba a pa intaneti amene sapereka ngakhale tambala kwa eni ake. Ine ndakhala ndikumvetsera nyimbozi kwa miyezi ingapo pa ERT echo, tsamba komanso pulogalamu ya pafoni yomvererapo wailesi za ERT, bungwe loulutsa mawu la dziko la Greece, ndipo ndakhutira nayo kwambiri.

Kumvetsera n'kwaulere koma si kuba ayi. Anthu a m'dzikomo amalipirira bungweli ma euro 3 pamwezi kudzera pa bilu ya magetsi, ndipo monga wailesi iliyonse yovomerezeka, ERT imayenera kupereka ndalama kumabungwe oteteza umwini wa nyimbo, monga mmene wailesi za kuno kwathu zimayenera kulipirira ku COSOMA.

Mwa wailesi zonse zimene zilipo, imene yanditenga mtima ndi Deftero Programma, yomwe ku Athens imamveka pa 103.7 FM ndipo ntchito yake yaikulu ndi nyimbo za Chigiriki. Pamenepa ndi pomwe ndinamvera bwinobwino rebetiko, nyimbo za anthu osauka a padoko la Piraeus zimene zinakula kwambiri atafika othawa kwawo ochokera ku Smyrna ndi madera ena a Asia Minor (m'dziko la Turkey la masiku ano) m'chaka cha 1922. Zojambulidwa kalekale zimamveka ndi kaphokoso ka singano ya galamafoni, ndipo woimbayo amakoka mawu ngati mayi wolira maliro mbandakucha, moti ngakhale sukumva chilankhulo, chisonicho chimakufika. Bungwe la UNESCO linaika rebetiko pamndandanda wa chikhalidwe cha anthu onse m'chaka cha 2017. Ubwino wa wailesi ndi woti nyimbo amasankha ndi anthu ozidziwa, osati kompyuta yongoyerekeza zimene umakonda, choncho madzulo amodzi ukhoza kuchoka ku rebetiko n'kufika ku laiko (nyimbo zotchuka za m'tauni zochokera ku rebetiko) kapena entechno (nyimbo zaluso zimene nthawi zambiri mawu ake ndi ndakatulo) usanaganizire n'komwe kuzifufuza.

Palinso Trito Programma ya nyimbo za classical, imene katswiri wopeka nyimbo Manos Hadjidakis anaitsogolera kuyambira 1975, komanso Voice of Greece yolankhula kwa Agiriki okhala kunja.

Chovuta chachikulu kwa ife ndi zilembo. Chigiriki chili ndi zilembo zake 24, ndipo poyamba ndinkazindikira Deftero pongoyang'ana chilembo chake choyamba cha makona atatu, Δ. Aulutsi amalankhula Chigiriki, kotero dzina la woimba limatha kukudutsa, ndipo pa wailesi yamoyo sungabweze nyimbo imene yakusangalatsa. Bandulo nayonso imatha msanga ukaiwala kutseka. Nthawi siivuta: kuyambira kumapeto kwa Okutobala mpaka kumapeto kwa Malichi, wotchi ya ku Athens imafanana ndi ya ku Lilongwe, ndipo miyezi inayo iwo amatsogola ndi ola limodzi.

Ndikalimva dzina, ndimalilemba m'kope mmene lamvekera, kenako ndimakalifufuza pa Spotify, imene inayamba kugwira ntchito ku Malawi mu 2021, kapena pa Bandcamp, pamene gawo lalikulu la ndalama yogulira chimbale limapita kwa woimba kapena kampani yake. Magulu achinyamata oimba zamakolo ndi amene ndimakonda kuwagulira pa Bandcamp, chifukwa ndi amene ndalamayo imawathandiza kwambiri kuti ajambule chimbale china.