Anandikonzera laputopu bwino, koma za KMSpico ayi

Mnyamata wokonza makompyuta kuseri kwa depoti ya minibasi kwathu kuno ndi waluso, zimenezo sindikana. Hard disk ya laputopu yanga itafa, anaikamo SSD, n'kuikanso Windows ndi Office tsiku lomwelo. Mtengo wake ndi wabwino, ndipo sakuyankha mwamwano ukafunsa kanthu.

Pamene sitinagwirizane ndi pa kuakitiveta, kutanthauza kutsimikizira Windows ndi Office kuti zili ndi layisensi. Anabaya flash yake, nazimitsa Windows Defender (antivirus ya Windows), kenako n'kutsegula kapulogalamu kotchedwa KMSpico. Nditafunsa chifukwa chozimitsira antivirus, anangoti, "Imangokayikira chilichonse imeneyi, amayi, musadandaule." Kwa ine zinali ngati kumangirira galu kuti mlendo wosamudziwa alowe usiku.

KMS payokha si yakuba. Ndi njira ya Microsoft yothandiza makampani ndi masukulu akuluakulu amene agula malayisensi ambiri: kompyuta imalumikizana ndi seva ya bungwelo, n'kupatsidwa chilolezo cha masiku 180, chimene chimawonjezedwa nthawi ndi nthawi. KMSpico imanamiza Windows kuti seva ija ili m'kompyuta momwemo, ndipo imasiyamo kantchito kobisika kobwereza bodzalo. Ndiye kuti pulogalamu yochokera kwa munthu amene simudzamuona imakhala ndi mphamvu za administrator, ndipo imakhazikika.

Mawebusayiti oigawa ndi ambirimbiri, lililonse likudzitcha lenileni. Mu December 2021, kampani ya zachitetezo ya Red Canary inanena kuti inapeza KMSpico yosakanizidwa ndi Cryptbot, pulogalamu yoba mapasiwedi osungidwa mu Chrome ndi Firefox komanso zikwama za ndalama za crypto. Choopsa n'chakuti Windows inkaakitiveteka ndithu, mwini kompyuta n'kumasangalala osadziwa kuti akumubera. Nayo STOP/Djvu, ija imatseka mafayilo n'kumalipiritsa kuti iwatsegule, yafalikira kwambiri kudzera m'mapulogalamu okrakidwa omwewa.

Ine ntchito yanga ndi yotayipa ndi kusindikiza. M'laputopu muno muli ma CV a anthu, makalata a kubanki, makope a ziphaso zaunzika. Zinthu za eni ake zimenezo. Ndipo flash ya mnyamatayo imalowa m'makompyuta angati pa sabata?

Chimene chinandiwawa n'chakuti sanandiuze kuti waika foda ya KMSpico pamndandanda wa zinthu zimene Defender isamaziyang'ane. Amene anatulukira zimenezi ndi mwana wa achemwali anga amene amagwira ntchito za IT. Iyeyo anandionetsanso chodabwitsa: laputopuyi inali ndi kiyi yake yeniyeni ya layisensi ya Windows m'BIOS (kapulogalamu ka m'kati koyambitsa kompyuta), monga malaputopu ambiri ogulitsidwa kuyambira nthawi ya Windows 8. Kiyiyo ndi ya mtundu wa Windows wotchedwa Home, mnyamata uja anaika wa Pro, ndiye sizinagwirizane. Tinafufuta zonse, n'kuika Home, ndipo inadziakitiveta yokha titangolumikiza intaneti. Mapasiwedi onse ndinasintha.

M'malo mwa Office ndikugwiritsa ntchito LibreOffice, yaulere. Matebulo a mafayilo ena a Word amasuntha pang'ono, zimatopetsa kasitomala akamadikira, komabe ntchito ikuyenda.

Sikirini ikasweka kapena batire ikafa, ndidzapitanso kwa mnyamatayo. Koma inu mukamusiyira kompyuta kuti aike Windows, muuzeni aone kaye kiyi ya m'BIOS, ndipo potenga mutsegule nokha Windows Security muone ngati Defender ikuyaka.