Kulemba gawo limodzi kapena kutsogolera katuni yonse?

Wachinyamata wa ku Luchenza kapena Chitakale wofuna ntchito ya makatuni a pa TV asiyanitse maudindo awiriwa.

Wolemba amapatsidwa gawo limodzi. Amayamba ndi ndime yachidule ya nkhani, ikavomerezedwa amayala ndondomeko yake, kenako sikiripiti. Gawo la mphindi 11 limadya masamba oposa 11. Laputopu ndi intaneti n'zokwanira, ndipo nthawi zambiri amalipidwa pa gawo. Ongoyamba amagwa apa: amalemba kuti "msika wa Bvumbwe wadzaza anthu". Ndi mzere umodzi, inde, koma wogulitsa kabichi aliyense ayenera kujambulidwa ndi kuyendetsedwa, choncho mzerewo amaufufuta.

Showrunner, amene amatsogolera katuni yonse, amasenza zonse: chikalata chofotokoza atengambali ndi dziko lawo, kusankha oika mawu, bajeti, kuvomereza storyboard (zithunzi zondondomeka zoonetsa mmene nkhani iziyendera) ndi animatic (zithunzizo zitalumikizidwa ndi mawu ngati kanema woyeserera). Akasintha maganizo animatic itavomerezedwa kale, ojambula amabwereza ntchito, ndalama n'kumapita. Udindowu umafuna situdiyo yokhazikika, monga Triggerfish ya ku Cape Town, imene inapanga nawo Supa Team 4 ya Malenga Mulendema wa ku Zambia, yomwe inatuluka pa Netflix mu 2023.

Kwa wokhala m'tsinde mwa phiri la Mulanje, khomo losavuta kugogoda ndi la kulemba. Ma showrunner ambiri analowera pomwepo.