Kutsukitsa zithunzi ku Mangochi: ndi kuti komwe mudikire pang'ono?

Abale amene ali ku America akamanena kuti amatumiza zithunzi pa foni ku Walgreens kapena ku CVS, omwe ndi masitolo a mankhwala, n'kukazitenga tsiku lomwelo, nthawi zambiri patangopita ola limodzi, sakunama. Koma kwathu kuno ku famase timakagulako mankhwala basi. Munthu wa ku Mangochi wofuna zithunzi zapapepala amasankha pakati pa situdiyo ya makina a riboni, shopu ya fotokope yomwe ili ndi printa ya inki, kutumiza ku labu ya ku Blantyre, ndi wojambula woyendayenda. Musanafunse mtengo, funsani makina amene ali kuseri kwa kauntala, kenako werengani zithunzi zanu. Nthawi yodikira imachokera pa ziwiri zimenezi.

Makina a riboni alibe inki yamadzi. Pepala limalowa n'kutuluka kanayi: ulendo woyamba limatenga mtundu wachikasu, wachiwiri wapinki, wachitatu wabuluu, ndipo wachinayi limakutidwa ndi kachikopa kowala koteteza chithunzi. Chikatuluka chimakhala chouma kale, mutha kuchiika m'thumba osaopa thukuta. Kusiyana kuli pa kukula kwa makina. Kakang'ono ka Canon Selphy kamatulutsa chithunzi cha 4x6, chomwe ndi masentimita 10 kwa 15, m'masekondi 40 ndi mphambu. Kwa munthu wofuna zithunzi zisanu, kapena zing'onozing'ono za mamilimita 35 kwa 45 zomata pa fomu ya sukulu kapena ya ntchito, palibe choposa pamenepa: mphindi khumi mwatuluka. Koma mukabwera ndi zithunzi 200 za ukwati, kamakina komweko kakukhalitsani maola oposa awiri, osawerengera kuima, chifukwa thireyi yake imangolowa mapepala 18 ndipo riboni imatha pa zithunzi 36 kapena 54 zilizonse. Makina akulu a mtundu womwewu, monga DNP RX1, amagwiritsa pepala la mpukutu wa zithunzi 700 ndipo chilichonse chimatuluka m'masekondi pafupifupi 15. Zithunzi 200 zija zimatha ola lisanakwane.

Chofooka cha riboni ndi chimodzi chachikulu: ikatha, yatha. Pepala ndi riboni zimagulidwa pamodzi ndipo sizilowa m'makina a mtundu wina, choncho mwini situdiyo sangathamangire kwa mnzake wa pafupi kukabwereka. Amadikira katundu kuchokera ku tauni. Nyengo ya Eid, ya maukwati komanso ana akamatuluka ku simba, m'pamene mumamva zoti "bwerani mawa", ndipo mawa lakelo limatha kukhala sabata. Fumbi nalonso ndi mdani: kachitsotso kakagwera pa pepala kamasiya kadontho koyera, kakamatirira pa mutu wa makina kamajambula mzere pa zithunzi zonse.

Printa ya inki ndiyo yopezeka paliponse, ngakhale ku Namwera ndi ku Monkey Bay, ndipo pano m'pamene anthu ambiri amapusitsika. Ma Epson a matanki alipo a mitundu iwiri. Ena ali ndi inki zinayi, monga L3110 ndi L3210, ndipo anapangidwira makalata a mu ofesi. Ena ali ndi inki zisanu ndi imodzi, monga L805 ndi L8050, ndiwo a zithunzi. Inki ziwiri zoonjezerazo n'zowalirako, ndipo ndi zimene zimachititsa khungu la munthu kutuluka losalala. Werengani matanki m'mbali mwa printa, si zobisika. Pa liwiro, wa shopu atha kukutulutsirani chithunzi m'masekondi owerengeka akaika pa "draft", koma chidzakhala chotuwa. Akaika pa "high", kachithunzi kakang'ono kamatenga mphindi imodzi kapena kuposa, cha A4 mphindi zingapo. Onjezani nthawi youma, chifukwa mukazisanjikiza zikangotuluka, makamaka dzinja pamene mpweya wa kunyanja uli wachinyezi, zimamatana n'kusendana inki. Onjezaninso mphindi zotsuka mutu wa printa, pakuti ikakhala masiku osagwira ntchito m'kutentha kwa Okutobala, timabowo ta inki timatsekeka ndipo chithunzi chimatuluka ndi mizere ngati chitenje. Muuzeni wa shopu aprinte kaye "nozzle check", timizere toyesera ngati timabowoto tatsekeka, pa pepala wamba musanawononge pepala lonyezimira.

Nanga ubwino wake? Chithunzi chachikulu cha A4 choika mu felemu muchipeza lero lomwe, pomwe Selphy safika n'komwe pa saizi imeneyo. Koma inki zambiri zodzaza m'matanki zimasuluka ndi dzuwa. Chithunzi chotere chiikeni kuseri kwa galasi, pakhoma losawombedwa ndi dzuwa la masana, apo ayi pakatha nthawi nkhope zonse zidzasanduka zofiirira.

Labu ya ku tauni ndi nkhani ina. Makina a Fuji Frontier kapena Noritsu amawalitsa chithunzi pa pepala, kenako pepalalo limadutsa m'mankhwala ofunda, kutsukidwa ndi kuumitsidwa. M'mawa amafuna nthawi kuti mankhwala atenthe kufika pa mlingo wake, koma akayamba amalavula zithunzi mazanamazana pa ola limodzi. Choncho ntchito yeniyeni ndi yaifupi kuposa kwina kulikonse. Chimene chimadya nthawi ndi msewu. Kuchoka pa boma kukafika ku Blantyre kudzera ku Liwonde ndi ku Zomba ndi makilomita pafupifupi 190, ndipo minibasi siinyamuka isanadzaze. Mukatumiza zithunzi pa intaneti m'mawa, n'kulipira pa Airtel Money kapena Mpamba, wina n'kukupatsirani envelopu kwa kondakitala, werengerani tsiku limodzi kapena awiri. Wa ku Makanjira awonjezerepo lina. Kwa alubamu ya ukwati kapena chithunzi chachikulu kuposa A4, ife tikuti dikirani masiku awiriwo. Auzeni a ku labu aike katoni yolimba mu envelopu. Katundu wa mu minibasi sasamala za nkhope ya mkwatibwi.

Wojambula woyendayenda, uja wa pa mlatho wa Bakili Muluzi kapena m'mphepete mwa nyanja, nthawi zambiri alibe makina ake. Amasonkhanitsa zithunzi za anthu ambiri kuti ulendo wokatsukitsa umupindulire, ndiye chanu chimadikira za anzanu. Kupatula ngati wanyamula Selphy ya batire m'chikwama, musampatse ntchito ya changu.

Pali zochedwetsa zina zimene sizisankha makina, ndipo zambiri timazibweretsa tokha. Kusankha zithunzi muli pa kauntala, kupukusa foni uku mzere ukukula, kumatenga nthawi kuposa kuprinta. Sankhirani kunyumba, muziike mu foda imodzi. Potumiza pa WhatsApp, tumizani ngati "document", chifukwa njira ya masiku onse imafinya chithunzi. Kuti 4x6 ituluke bwino imafuna mapikiseli 1200 kwa 1800, A4 imafuna pafupifupi 2480 kwa 3508. Chithunzi chotengedwa pa Facebook kapena pa sitetasi ya mnzanu chikakulitsidwa chimangosweka. Chinanso, mafoni ambiri amajambula mwa 4:3 pamene pepala la 4x6 ndi 3:2, kutanthauza kuti m'mbali mudulidwa kachigawo. Mukapanda kuonetsa podula, makina amadula okha, ndipo kawirikawiri ndi chisoti cha agogo kapena mapazi a ana zimene zimapita. Kubwereza kumeneko ndi ndalama zanu ndi nthawi yanu.

Funsaninso ngati shopu ili ndi jenereta kapena sola. Magetsi a ESCOM akazima pepala lili pakati pa ulendo wachiwiri, chithunzicho ndi gawo lake la riboni zatayika. Ndipo Lachisanu masana mashopu ambiri amatsekedwa eni ake akapita ku mzikiti, choncho ngati fomu yanu ikufunika tsiku limenelo, fikani isanakwane 11 koloko.