Miyezi 8 ndili ndi kamakina koyezera shuga kunyumba

Kamakinaka ndinakagula adokotala atandiwonjezera mankhwala a shuga otchedwa glibenclamide pa ena otchedwa metformin amene ndinkamwa kale. Anandiuza kuti mankhwala atsopanowo amatha kutsitsa shuga kwambiri, choncho ndisamangodalira mmene thupi likumvekera.

Mawu awowo ndinawamvetsa mwezi wachiwiri. Tsiku lina masana manja anayamba kunjenjemera, thukuta lili kamukamu, mutu waa! Mumtima ndinati shuga wakwera basi. Kuyeza, 3.4. Shuga akafika pansi pa 3.9 ndiye kuti watsika, ndipo ine ndinatsala pang'ono kumwa piritsi lina lomutsitsanso. Ndinasungunula shuga m'madzi n'kumwa, patapita mphindi 15 ndinayezanso n'kupeza 5.2. Kuyambira tsiku limenelo sindikasiya ndikamachoka pakhomo.

Kagwiritsidwe kake n'kosavuta. Mukalowetsa kasitiripi (kapepala koyezera magazi) kamakinako kamayaka kokha, mumabaya chala, n'kugunditsa kadontho ka magazi kunsonga kwa kasitiripiko, pa masekondi 5 nambala yatuluka. Bayani m'mbali mwa chala, osati pakati, sizipweteka kwambiri. Muzisinthasinthanso zala. Chobayira chala, chooneka ngati cholembera, chili ndi posankha kuti singano ilowe mozama bwanji, ine pa 2 pamandikwanira.

Kusamba m'manja musakupeputse. Ndinayezapo nditangosenda chipatso, kanaonetsa 14, mtima unangoti phwii. Nditasamba ndi sopo n'kupukuta bwino, inatuluka 8. Chinanso, onetsetsani muyezo umene kanu kakuwerengera shuga, kaya ndi mmol/L ngati kanga kapena mg/dL. Mchemwali wanga anaona 126 pa kake n'kuyamba kulira, chonsecho kake kamawerenga mu mg/dL, mukagawa ndi 18 ndi 7 chabe mu mmol/L.

Chodandaula changa ndi masitiripi. Kabotolo ka 50 sikachedwa kutha ngati mukuyeza m'mawa musanadye komanso patatha maola awiri mutadya. Magazi akachepa, kamakina kamakana ndipo kasitiripiko kawonongeka, simungakabwezenso. Sabata yoyamba ndinataya 6 chonchi, zinandiwawa. Komanso masitiripi a mtundu wina salowa, ndiye musanagule yambani mwafufuza ngati a mtundu umenewo amapezeka nthawi zonse. Ine ndinakhalapo masiku 10 osayeza chifukwa anasowa. Kabotolo muzikatseka mukangotulutsa kamodzi, chinyezi chimawawononga, ndipo muziona tsiku lotha ntchito. Kabuku ka malangizo nako kalembedwa ndi tizilembo tating'ono kwambiri, pomwe ambiri a ife odwala shuga maso ndi ovuta kale.

Kamasunga zotsatira, komabe ine ndimalemba m'kope tsiku, nthawi ndi nambala. Ndikapita kukayezetsa HbA1c (kuyeza magazi koonetsa mmene shuga wakhalira miyezi yapitayo) pakatha miyezi itatu iliyonse, kopelo ndimalitenga. Ulendo wathawu adokotala ataona kuti masana shuga amanditsikira pafupipafupi, anandichepetsera glibenclamide.

Ndikukapatsa nyenyezi 4 mwa 5. Imodziyo ndachotsa chifukwa cha masitiripi.