Mavidiyo sho awiri a ku Salima: funsani kaye zimatani magetsi akazima

Chaka chino kuntchito kwathu kwabwera anyamata atatu atsopano, onse ochokera kutali, ndipo aliyense wandifunsapo funso limodzimodzi: "Achimwene, Loweruka madzulo kuno munthu amakaonera kuti filimu?" Ndakhala ndikuyankha mmodzimmodzi titaima pa chiwaya, ndiye ndati bwanji ndingolemba, wina akadzafunsanso ndizingomutumizira.

Tisanamizane, ku Salima kuno kulibe nyumba ya kanema ya mipando yofewa ndi mpweya wozizira. Chomwe tili nacho ndi mavidiyo sho. Alipo ambiri kuyambira ku Kamuzu Road mpaka chakumsika, koma awiri ndi amene ndawakhalamo nthawi yaitali moti ndingawanenere zoona. Mayina sinditchula. Ina ndiziti ya pulojekita, inayo ya madala, poti mwini wake ndi bambo wachikulire amene tonse timangowaitana kuti madala.

Ukangoyang'ana ndi maso, ya pulojekita yapambana kale. Chithunzi chimadzaza khoma lonse, mipando ndi yapulasitiki, pansi ndi pasimenti, masipika umawamva usanafike. Kwa madala ndi chipinda cha malata, mabenchi a matabwa opanda potsamira, ndi TV imodzi yaikulu yokolekedwa pamwamba. Filimu ya ku India ya maola atatu pa benchi yotero, msana umamva ndithu. Pa za mipando palibe chokambirana, ya pulojekita ndiyo yabwino.

Kutentha ndiye kwina. Pulojekita imafuna mdima, choncho masana amatchinga mawindo onse ndi nsalu zakuda. Amene wakhalapo ku Salima mu Okutobala akudziwa chomwe ndikunena: anthu makumi asanu m'chipinda chotseka, thukuta kamukamu. TV ya madala imaoneka ngakhale kuli kowala, ndiye chitseko chimakhala chotsegula, kamphepo n'kumalowa.

Koma chomwe chidandichotsa ku ya pulojekita si kutentha ayi.

Mwana wa alongo anga atakhoza mayeso a Sitandade 8, ndidamulonjeza kuti ndikamuonetsa filimu pa sikirini yaikulu. Iye amakhala kumudzi chakumtunda kwa Khombedza, ndipo filimu anali ataioneramo pafoni pokha. Tidapita Loweruka masana. Pa bolodi ya pakhomo adalemba ndi choko dzina la filimu ya karate, nthawi, ndi mtengo: K500. Ndidalipira ya anthu awiri, tidalowa, mnyamata maso tong'o pakhoma paja.

Filimu itafika pakati, mwini filimu atangolowa kumene kumalo kwa adani ake, magetsi adazima. Zimenezo sizidandidabwitse, ndi zomwe timakhala nazo. Chidandidabwitsa ndi mnyamata wa pakhomo uja. Adaima kutsogolo atayatsa tochi ya foni n'kunena kuti, "Akuluakulu, magetsi apita. Jenereta ilipo koma mafuta ndi odula. Aliyense aponye K300 tiyatse."

Ndidamufunsa mwaulemu. "Achimwene, pakhomo paja zimenezi simunanene. Ngati filimu siitha, ingotibwezerani ndalama zathu tizipita."

"Bwana, ndalama ikalowa siitulukanso. Magetsiwa sindine ndazimitsa."

Ndikadakhala ndekha ndikadatuluka. Koma mwana uja adandigwira malaya n'kunong'oneza, "Amalume, ingolipirani, ndikufuna ndione mathero ake." Ndidatulutsa K600. Enanso adasonkha, ena akung'ung'udza, ochepa adatuluka. Ndalama zitakwana mpamene tidazindikira kuti m'jeneretamo munalibe ngakhale dontho. Adatuma wakabaza ndi chigubu kukasaka petulo. Tidakhala mumdima ndi m'chifundizi muja pafupifupi ola lathunthu. Jenereta italira anthu adaomba m'manja, koma pakhoma padaoneka mpira wa ku England. Nthawi ya mpira inali itakwana, ndipo adalumikiza dikoda. Mnyamata wa pakhomo uja adabweranso: ofuna mpira atsale alipire mtengo wa mpira, a filimu mubwere mawa.

Mawa lakelo mwana anali kubwerera kumudzi. Sadalire, koma njira yonse yopita kunyumba sadayankhule kanthu, ndipo mpaka lero ndikakumbukira chete ameneyo mtima umandiwawa kuposa K1,600 yomwe ndidataya.

Sindikunena kuti petulo ndi waulere. Tonse tidaona momwe zinthu zidakwerera ndalama ya kwacha itagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, ndipo tonse tidaimapo pamizere ya mafuta. Akadalemba pa bolodi kuti magetsi akazima pali ndalama yoonjezera, ndikadasankha ndekha kulowa kapena ayi. Chondipweteka ndi kumuuza munthu mtengo wachiwiri ali kale mkati, ali ndi mwana, filimu ili pakati, akudziwa kuti sangakane. Ndafunsa anzanga angapo, onse akuti mchitidwewo ngwakale kumeneko.

Anzathu obwera kumene amaganiza kuti kuno magetsi sazima chifukwa adamva za sola yaikulu ya ku Nanjoka, ija ya mamegawati 60 yomwe idatsegulidwa mu 2021. Moto wake umalowa m'mawaya a dziko lonse, ndipo dzuwa likalowa nawo umatha. Madzulo, nthawi yeniyeni ya filimu, Salima imazimirwa monga kwina kulikonse. N'chifukwa chake funso la magetsi ndi loyamba kufunsa musanalipire.

Kwa madala yankho lake lili padenga. Adaika mapanelo a sola, ndipo pakona ya chipinda pali mabatire ndi inveta. TV ya masiku ano siidya moto wambiri, pamene pulojekita ndi masipika akuluakulu aja zimafuna jenereta. Ndiye magetsi akazima kwa madala chithunzi chimangophethira n'kupitirira. Ndaonerako kwa zaka zingapo, sindidamvepo akupempha ndalama yachiwiri.

Ndivomere kuti madala ndimawakondera, ndipo ndinene chifukwa chake. Pa 25 Januwale 2022 Flames inkasewera ndi Morocco mu ndime ya matimu 16 ya chikho cha Africa ku Cameroon. Masiku omwewo namondwe wa Ana anali atakantha chigawo chakummwera, madzi ataononga malo opangira magetsi a Kapichira, dziko lili mumdima. Tsiku limenelo madala sadaonetse filimu ngakhale imodzi masana onse. Ana ofuna filimu atabwera adawabweza, nati, "Lero moto tikusungira a Flames." Adataya ndalama ya tsiku lonse kuti mabatire afike usiku ali odzaza. Anthu tidadzaza mpaka panja, ena ataima pa njinga kusuzumira pawindo, koma mtengo unali wa masiku onse. Gabadinho Mhango atamenya mpira uja ali kutali n'kugoletsa mphindi zoyambirira, malata adachita kugwedezeka. Tidagonja 2-1, koma tidaona mpira wonse mpaka wenzulo yomaliza. Munthu amene adatichitira zimenezo sindingamusiye chifukwa cha benchi yolimba.

Za omasulira. Mavidiyo sho onse awiri amaonetsa mafilimu oikidwa mawu a Chichewa, aja DJ amayankhula pamwamba pa osewera, kuwapatsa mayina a kwathu, nthawi zina mzinda wa ku China n'kuutcha Chipoka. Womasulira waluso amakuthandiza kutsata nkhani ndipo chipinda chonse chimaseka limodzi. Wina amangotukwana kuti anyamata akuwe. Ku ya pulojekita amathamangira chatsopano, chilichonse chomwe chafika sabata imeneyo amaika, ngakhale chojambulidwa mobera chomwe chithunzi chake chimagwedera. Madala amachedwa kupeza zatsopano, apa ndiye pofooka pawo penipeni, ndipo mafilimu ena a ku Nigeria amawabwereza mpaka anthu kuwaloweza. Koma filimu iliyonse amayamba aionera okha. Dziko lino lili ndi lamulo loyang'anira zoonetsedwa kuyambira 1968, komabe m'chipinda cha malata woteteza ana weniweni ndi mwini malo. Ndidawaonapo madala akubweza anyamata awiri a yunifolomu nthawi ya sukulu, ndalama ili kale m'manja: "Ana inu, makolo anu akudziwa kuti muli kuno? Bwererani m'kalasi, mubwere mukaweruka." Ku ya pulojekita kukada amaika zinthu zomwe sindingakonde kuti mwana wa mlongo wanga azione, ndipo pakhomo safunsa zaka za munthu.

Mvula yamphamvu ikagwa, dishi imataya chithunzi konsekonse. Pamenepo palibe woposa mnzake.

Ena amati bwanji osangopita ku burning centre, kuthiritsa mafilimu pa fulashi kapena memori kadi, n'kukaonera kunyumba. Ndi zotsika mtengo, ndipo amayi ndi atsikana ambiri amasankha zimenezi poti m'mavidiyo sho mumachuluka amuna. Ine ndimachita nthawi zina, kusiyana ndi kumaliza bandulo pa YouTube. Koma mafilimu a Amalawi anzathu sindithiritsa, chifukwa amene adavutika kuwajambula salandirapo kalikonse. Komanso filimu ya karate kuionera wekha pafoni, popanda wina wokuwa kumbuyo kuti "mugwetse ameneyo", imakhala ngati ndiwo zopanda mchere.

Ndiye anyamata inu, ngati mukufuna chithunzi chachikulu ndipo muli ndi chitsimikizo choti magetsi sazima tsiku limenelo, ya pulojekita ilipo, koma funsani pakhomo, anthu akumva, kuti akazima mulipiranso zingati ndiponso ngati filimu idzathe mpira usanayambe. Ine kumeneko sindidzapondakonso. Pitani kwa madala. Fikani msanga mukhale benchi yachitatu kufupi ndi chitseko, tengani chitenje chopinda choti mukhalire, mtedza wokazinga mugule kwa mayi a panja paja.

Pa tchuthi chotsatira mwana uja adabweranso. Ndidawafotokozera madala nkhani yonse n'kuwatchulira dzina la filimu ija. Adaisaka sabata ziwiri, ataipeza adailemba pa bolodi Loweruka masana. Mnyamata adakhala benchi yakutsogolo, ndipo itafika paja idadukira, mwini filimu akulowa kwa adani ake, adatembenuka n'kunena kuti, "Amalume, ndi pano."