Alenje akale a ku Pangti ndiwo operekeza alendo abwino

Aliyense wofuna kuona akabawi a mtundu wa Amur asaumire ndalama yolipira anthu a m'mudzi wa Pangti, m'boma la Wokha ku Nagaland, m'dziko la India, kuti amuperekeze kudamu la Doyang. Mbalamezi zimachokera ku Siberia ndi kumpoto kwa China, ndipo mu Okutobala ndi Novembala zimapumira kumeneko zisanawoloke nyanja yamchere kupita kum'mwera kwa Africa.

Mpaka mu 2012 anthu a m'mudzimu ankatchera maukonde a nsomba m'mitengo n'kumagwira mbalame zikwizikwi, koma mu 2013 anagwirizana zoleka, ndipo ena mwa alenjewo ndiwo akuperekeza alendo tsopano. Chimenechi ndicho ndinachiyamikira kwambiri, chifukwa bambo amene ananditsogolera ankadziwa mitengo imene mbalame zimagonamo, nthawi imene zimauluka, ndiponso pamene munthu angaime osazidzidzimutsa. Anandidzutsa kusanache, ndipo nditakweza mawu anandiletsa mwaulemu koma mosanyengerera.

Msewu wopita kumeneko ndi wokumbikakumbika, ndipo malo ogona ndi a m'makomo mwa anthu, opanda zapamwamba, choncho mukonzeretu ulendo wanu nyengo ya mbalame isanafike.