Kamera Ipite ku Lilongwe Kapena Itsale ku Nsipe?

Wojambula filimu ya mwambo wolumbiritsa mtsogoleri wa dziko ali ndi njira ziwiri. Yoyamba ndi kupita kumene kuli mwambowo, monga ku Malawi Square ku Lilongwe, komwe a Lazarus Chakwera ndi a Saulos Chilima analumbira pa 28 Juni 2020. Kumeneko zithunzi zimakongola, koma pamafunika chilolezo, ndipo makamera onse amaloza nsanja imodzi.

Yachiwiri, imene ine ndimaikonda, ndi kutsala ku Nsipe m'boma la Ntcheu, kwawo kwa a Chilima, n'kujambula anthu atazungulira wailesi pakhonde la golosale, mayi wina akululuta dengu la mbatata likadali pamutu. Chovuta kumeneko ndi mawu, pakuti mphepo ya mwera imasokoneza maikolofoni ngati wojambula sanaiphimbe bwino.